Belu Lodindidwa la a Primus Alleyne

Kuno ku Tobago mawu oti sitampi atsala pakamwa pa okalamba okha, ndipo nawonso amawatchula akafuna kunyoza munthu. Koma kale sitampi inali ndalama. Kanali kakobiri kakuda ka Afalansa, kopyapyala ngati mamba a nsomba, kamene boma linkamenyapo zilembo ziwiri, T ndi B, zoimira Tobago, pamwamba pa chisoti cha mfumu ya eni ake. Zilembozo zikangokhalapo, kakobiriko kankagula nsomba yamchere ngati kuti kanabadwira konkuno.

A Primus Alleyne anabadwa nthawi ya ukapolo pa esiteti ina ya nzimbe, ndipo anakulira pachipala. Amene anawaphunzitsa kusula atamwalira, anawasiyira nyundo, mvukuto wobooka ndi kachitsulo kotalika ngati chala, kokhala ndi zilembo ziwiri zija kunsonga. Munthu ukafunsa kuti malemuwo kachidindo ka boma ankachita nako chiyani, a Primus ankayang'ana kumwamba n'kuyamba kuimba mluzu.

Ufulu utabwera masitampi anayamba kusowa, koma a Primus ndiye anali atangoyamba kumene. Ankadinda makasu, zikwanje, masipuni, zitsulo za kumapazi a bulu wawo, ngakhale mphika wobwereka kwa mnansi. Kwa iwo chinthu chopanda TB chinali mlendo wongodutsa. Anali munthu wamfupi, waphuma, woseka asanamalize nkhani, ndipo kutchalitchi ankaimba besi mothamanga kwambiri moti ankafika pa Ameni ife tikadali pakati pa vesi.

Mkazi wawo woyamba atamwalira anakhala okha zaka zambiri. Imvi zitayamba kale, mtima wawo unagwa pa mayi Zabette, amene ankagulitsa maswiti a chitowe ndi mkate wa chinangwa pamphambano. Mayiwa anachokera ku Grenada, anabatizidwa kwa Akatolika, ndipo akapsa mtima ankalankhula Chifalansa cha kumudzi kwawo. Atalowa mpingo wathu anthu anawapatsa dzina loti Mayi Sitampi, ati pansi Mfalansa, pamwamba wathu. Ambiri ankanena monyoza. A Primus ankaona kuti dzina lokoma kuposa limenelo palibe.

Tsiku lina anaima kutsogolo kwa thebulo la maswiti, chipewa chili m'manja.

"Mayi, ine ndili ndi nyumba yamatabwa, bulu, ndi mano."

"Mano onse?"

"Amene atsalawo ndi olimba."

"Asungeni, a Primus, mudzadyere chinangwa. Ine ndidzakwatiwa tsiku limene tchalitchi chanuchi chidzalize belu."

"Tili ndi nkhono, mayi. Imamveka mpaka kugombe."

Zinali zoona. Tchalitchi chathu chinkaitana anthu poliza chigoba cha nkhono ya m'nyanja. Mayi Zabette anasiya kukulunga maswiti.

"Nkhono imeneyo ndi imene inkatidzutsa kupita ku nzimbe. Ndikaimva, manja anga amayamba okha kufuna chikwanje. Sindingapite ku ukwati wanga ngati ndikupita kukadula nzimbe za mzungu. Ndipo ndikuuzeni, kudula kukatha chaka chino ndikubwerera ku Grenada kwa mchemwali wanga. Kumeneko mabelu alipo."

Sanaseke polankhula zimenezi, ndipo a Primus anamva. Nzimbe zinali zitayamba kale kudulidwa.

Anayenda chilumba chonse pa bulu, akufunsa aliyense wokumana naye. Anthu ankawaonetsa mabelu a ng'ombe, wina anawaonetsa mtondo wachitsulo. Potsiriza anafika kwa msodzi wina amene anavuula belu m'ngalawa ya Afalansa yosweka pamiyala. Belulo linali chagada kuseri kwa nyumba, nkhumba zikudyeramo. A Primus anagwada m'matopemo, anakankha nkhumba ndi phewa, n'kulikumbatira. Analisinthanitsa ndi nangula watsopano ndi mbedza, ndipo anafika nalo kwathu iwo ndi bulu ndi belu onse akununkha chimodzimodzi.

Analikwecha ndi mandimu ndi mchenga pabwalo la tchalitchi, mudzi wonse ukuonerera. Litsiro likuchoka, panayamba kuoneka mwinjiro, kenako manja onyamula khanda, kenako nkhope ya mayi wovala chisoti chachifumu. Mayi Zabette anakweza dzanja kuti adzilembe mtanda, n'kukumbukira kumene ali, n'kudzikanda pamphumi.

Abusa, mzungu wa ku Jeremani, anali chigonere ndi malungo, choncho nkhani yonse inali m'manja mwa M'bale Hercules Moore, mkulu wa mpingo, munthu wamtali amene ankayenda ngati wasenza ndowa yodzaza. Analizungulira belulo pang'onopang'ono.

"Fano ili silikwera padenga la nyumba ya Mulungu."

"Fano liti, achimwene? Awa ndi mayi awo a Ambuye. M'Baibulo lanu lomwelo alimo."

"M'Baibulo sanavale chisoti. Komanso, M'bale Primus, nkhumba zadyeramo umu."

"Mwana wolowerera uja naye anadya ndi nkhumba, koma bambo ake anamuphera ng'ombe."

Anthu anaseka, koma a Hercules sanagwedezeke. Ananena kuti belu la Aroma ndi la Aroma, alibwezere kumene analitenga. A Primus anayang'ana kumtunda kumene minda ya nzimbe inali itayamba kuyera, n'kupisa dzanja m'thumba monga ankachitira akasowa chonena. Chala chinakhudza kachitsulo kaja, maso awo n'kuwala.

"Achimwene, inu mwayenda ndi mbale ya chopereka kuyambira muli mnyamata. Masitampi munkawakana?"

"Sindinakanepo chopereka cha munthu."

"Koma chisoti cha mfumu ya Afalansa, Mroma weniweni, chinali pomwepo, chikukuyang'anani."

"Anali odindidwa," anatero a Hercules, asanaganize.

A Primus analumpha, anazungulira belu akuvina, chipewa chinagwa, anachiponda. "Mwamva nonse. Anena okha, ine sindinawakakamize."

A Hercules anali munthu wosabweza mawu ake, ngakhale amene awapulumuka. "Chabwino. Koma mudinde pankhope penipeni."

"A Primus," anatero mayi Zabette motsitsa mawu, "mukamenya nkhope ya mayi ameneyu, sindidikiranso nzimbe. Ndikwera ngalawa ya mawa."

"Ndiye ndidinde pati, anthu inu? Pa khanda?"

"Yesani muone," anatero onse awiri pamodzi, ndipo kanali koyamba kuti agwirizane pa chilichonse.

Mayi Zabette anawerama, anapukuta nkhopeyo ndi epuloni yawo. "Dindani pachisoti, ngati mmene ankachitira pandalama. Chisoticho anachita kuwaveka anthu. Iwowa anali mkazi wa kalipentala."

A Hercules anaganiza, sanapeze cholakwika, anagwedeza mutu. A Primus anaika kachitsulo pachisoti n'kumenya ndi nyundo yaing'ono. Zilembo zinaoneka pang'ono chabe.

"Palibe chaoneka," anatero mayi wina kumbuyo. "Mphika wanga uja munaudinda bwino kuposa apa."

"Akalamba awa," wina anawonjezera. "Akufuna mkazi, nyundo ikuwakanika."

A Primus ankadziwa bwino kuti mkuwa wa belu si chitsulo cha khasu. Akanakhala okha pachipala akanasiyira pomwepo. Koma mayi Zabette anali kuyang'ana, ndipo mawu oti akalamba anali atawalowa. Anatenga nyundo yaikulu, analavulira m'manja, anamenya ndi thupi lonse. TB inatuluka yakuya, yooneka bwino kuposa zonse zimene anadindapo. Ndipo kuchokera pa B, mng'alu wopyapyala ngati tsitsi unatsika pambali pa mwinjiro mpaka kumlomo kwa belu.

Anthu anamangirira belulo panthambi ya mtengo wa mango, a Primus anagwira chingwe n'kukoka. Belu linati bweee, n'kumaliza ndi kakutsokomola, ngati tonde amene wagwera mumphika. Kutsidya kwa khwawa mbuzi za a Hercules zinayankha.

Anthu anagwa pansi ndi kuseka. Ena anagwirana, ena anakhala m'fumbi, mayi wa mphika uja anachita kupatsidwa madzi. A Primus okha ndi amene sanaseke, mwina koyamba chibadwire. Anali ataswa ndi manja awo chinthu chimodzi chokha chimene anapemphedwa. Anayang'ana mayi Zabette. Mayiwo anali ataphimba nkhope ndi epuloni, mapewa akugwedezeka, ndipo sikunali kotheka kudziwa ngati akulira kapena ayi.

"Mayi," anatero a Primus, "ndipita kwa msodzi uja. Mwina m'ngalawamo munali lachiwiri."

Epuloni inatsika. Misozi inali mbwembwembwe, koma pakamwa panali posatsekeka ndi kuseka.

"Lizaninso."

Analizanso. Mbuzi zinayankhanso. Mayi Zabette anagwira mtengo kuti asagwe, ananena mawu angapo a Chifalansa amene sitinafunse tanthauzo lake, kenako anatembenukira kwa mkulu wa mpingo.

"M'bale Hercules, inu simunama. Ili ndi belu kapena si belu?"

A Hercules anali akuluma milomo, maso ali kumwamba. "Ndi belu ndithu, mlongo. Koma likudwala."

"Odwala mumawathamangitsa mutchalitchi?"

"Ayi."

"Ndiye lipachikeni. Palibe kapitawo angadzutse munthu ndi chimenechi, onse angafe ndi phwete asanafike kumunda." Anatola chipewa chopondedwa chija, anachikuntha, n'kuchiika pamutu pa a Primus. "Ndipo inu mukasambe. Sindikwatiwa ndi khola."

Ukwati unachitika nzimbe zomaliza zisanalowe m'chigayo. Abusa anali atachira, koma palibe amene anakumbuka kuwachenjeza za belulo. Belu litalira anatsegula buku, analitseka, anatulutsa mpango n'kukhala nthawi yaitali akupukuta magalasi, nkhope yofiira ngati tsabola. A Primus anavomera malumbiro asanafunsidwe, ndipo abusa anachita kuwabwezera poyambira. Potuluka, woimba vayolini ali patsogolo, anthu anavina monga mwa mwambo wathu, kupita patsogolo n'kubwerera m'mbuyo, moti mtunda waufupi wofika kunyumba yamatabwa ija unatenga masana onse. Chingwe cha belu anagwira a Hercules eni ake, ati poopa kuti ana angaseweretse chinthu chopatulika, ndipo sanachisiyire munthu wina mpaka imfa yawo.

Mayi Zabette sanabwererenso ku Grenada. Mchemwali wawo ndi amene anadzabwera kudzacheza, n'kufunsa Lamulungu loyamba, belu litalira, kuti akupha chiyani kutchalitchiko. A Primus ndi mayi Zabette anakhala pamodzi zaka zambiri, akukangana za zinthu zazing'ono, akupemphera limodzi madzulo. A Primus anasula mpaka manja atakana kunyamula nyundo. M'zaka zawo zomaliza makutu anatseka, ndipo Lamulungu lililonse ankaima pakhomo la tchalitchi akugwira anthu pamkono, kuwauza mokondwa kuti Ambuye ndi abwino, belu lija lachira.