Kakapu ka Msiriya Tsiku Limene Kanyama Inamira

Ndisanayambe nditchule mboni zanga, chifukwa muno m'Kanyama muli anthu amene amanena kuti ine ndimachulutsa mchere m'nkhani. Mboni yoyamba ndi mkazi wanga, ngakhale kuti iye anaona chiyambi ndi mapeto okha, poti pakati ponsepo anali pamwamba pa tebulo. Yachiwiri ndi mayi wogulitsa vitumbuwa pamsewu, amene tsikulo anagwira ntchito ataimirira pa dilamu. Yachitatu ndi dikoni wa mpingo wathu, munthu amene chibatizidwire sananamepo, kupatula pa nkhani ya zaka zake. Yachinayi inali bakha wa alandilodi, koma ameneyo tinamudya pa Khirisimasi, choncho musamuwerengere.

Amene sadziwa Kanyama adziwe kuti pansi pathu pali mwala. Mvula ikagwa, madzi amagogoda pansi, amapeza potseka, ndiye amabwera kudzagogoda kunyumba zathu. Chaka chimenecho sanagogode n'komwe. Ndinadzuka m'mawa n'kupeza achule atagawana kale zipinda. Pawindo ndinaona minibasi ikudutsa, kondakitala akupalasa ndi chitseko, uku akuitanirabe anthu opita m'tauni.

Mkazi wanga ndi telala. Ali ndi makina osokera opukusa ndi dzanja, amene amayi ake anamupatsa tsiku la ukwati wathu, ndipo mwa zinthu ziwiri zimene analandira tsikulo, makinawo ndiwo sanamukhumudwitsepo. Sabata imeneyo ankasoka zovala za operekeza mkwatibwi wina wa ku Chawama. Madzi atafika m'mawondo, anakwera pa tebulo, makina pamiyendo, mtolo wa zitenge pamutu.

"Imwe," anatero, "manzi aya akagunda chabe makina, ine nibwerera kwa bamayi ku Matero. Sinisewera. Yendani kwa Msiriya uja mukabwereke pampu."

Msiriyayo ndi bambo wachikulire wokonza mapampu ndi majenereta m'galaja ya pamsewu waukulu. Anabwera ku Lusaka zaka zija kwawo kunali nkhondo. Chinyanja anaphunzira kwa makondakitala, ndipo aliyense, kaya ndi wapolisi kaya ndi m'busa, amamuitana kuti neba. Ine ndinali ndisanalowepo mwake. Kunena zoona, Siriya ndinkangomumva kutchalitchi, ndipo ndinkayesa kuti ndi limodzi la mayiko aja amene anatha pamodzi ndi magaleta.

Galaja yake ili pa simenti yokwera, moti ndinamupeza wouma, atakhala pafupi ndi mbaula. Pampu inali pomwepo pakona, yofiira, mapaipi ake atakulunga bwino.

"Neba! Ngenani, nkhalani!"

"Ba mudala, nabwera kuti..."

Anakweza dzanja. "Awe. Kwathu mlendo sakamba nkhani na pakhosi pouma. Poyamba khofi."

Anachotsa pa mbaula kaketulo ka mkuwa ka mlomo wautali ngati wa mbalame, n'kutenga kakapu kopanda chogwirira, kochepa ngati theka la chikamba cha dzira. Ndipo sanadzaze. Anangonyowetsa pansi pake. Ndinati mumtima, kameneka ndi kongomeza kamodzi, kenako pampu. Ndinameza. Abale anga, poyerekeza ndi khofi ameneyo, ndulu ya mbuzi ndi uchi. Lilime langa linabwerera m'mbuyo kukabisala. Ndinabweza kakapuko ndi manja awiri, monga anandiphunzitsira makolo, ndipo iye anathiramo wina.

Apa ndifotokoze zimene ine ndinazidziwa mochedwa. Kwa iwo, mlendo akakhuta khofi sanena ndi pakamwa. Amagwedeza kakapuko pang'ono pobweza. Akabweza osagwedeza, ndiye kuti akufuna wina, ndipo mwini nyumba amene angasiye kuthira wadzichotsa ulemu. Komanso safunsa mlendo chimene wadzera khofi asanathe. Tsono kwa ife, munthu wamkulu akakupatsa chinthu m'manja sukana, makamaka ngati wabwera kudzabwereka. Choncho tinakhala anthu awiri aulemu, woyamba sangasiye kuthira, wachiwiri sangasiye kumwa, madzi akukwera miyendo ya tebulo.

Kuti tisamangoyang'anana, anayamba kundiuza za kwawo.

"Ine nichokera ku Hama, neba. Tauni yakale maningi. Pamene banthu benangu benze bakali kuphunzira kumanga nyumba, ise tenze kudandaula kale kuti lendi yakwera."

Anati poyamba kunali Aaramu, ndi mafumu awo aang'onoang'ono okonda kukangana. Anati cha kunyanja kwa dziko lawo kunali anthu amene anatopa ndi kujambula zizindikiro zambirimbiri pa dongo, n'kusankha zilembo zochepa zokwanira kulemba chilichonse. Ine ndinati ndi nkhani yabwino, n'kuyang'ana pampu. Anathira.

"Manje banabwera ba Asuri. Banatentha, banatenga banthu, banayenda. Ise tinatsala."

Anathira. Kunabwera Ababulo, anathira. Kunabwera Aperisi, anathira. Ndinazindikira kuti mtundu uliwonse wolanda dziko lawo unali ndi kakapu kake, ndipo ndinayamba kupemphera kuti Siriya akhale dziko limene anthu ambiri sanalifune. Pemphero limenelo silinayankhidwe. Zikuoneka kuti aliyense amene anakhalapo ndi kavalo ndi mkondo anadutsa kumeneko.

Pa Agiriki, amene anafika n'kusintha dzina la tauni yawo osafunsa munthu, makutu anga anatseguka. Ndinamva nyerere ikutsokomola kuseri kwa jenereta. Ndikulumbira. Inatsokomola kawiri n'kupepesa.

Pa Aroma anaimirira, chifukwa tinafika pa nkhani ya mawilo. Anati kwawo ku Hama kuli mawilo a matabwa aatali kuposa nyumba yosanja, oimikidwa mumtsinje. Mtsinje umawazunguza, iwo amatunga madzi m'timabokosi, kukwera nawo m'mwamba, n'kuwakhuthulira mu ngalande ya miyala yopita kuminda. Opanda mafuta, opanda magetsi. Anati amalira usana ndi usiku, ndipo anandionetsa kulira kwake, kukamwa kuli yasa, mpaka mayi wa vitumbuwa anatembenuka pa dilamu lake kuona ngati wina akupha ng'ombe.

"Bambuya ba bambuya banga benze kukonza mawilo aja. Ise banja lathu, neba, nchito yathu ni kuchotsa manzi apa, kuika apo. Kuchokera kale!"

Ndinati mpata ndi uwu. "Ba mudala, pa nkhani ya manzi yamene iyo..."

"Imwani poyamba. Izazizira."

Nthawi imeneyo m'pamene bakha wa alandilodi anadutsa pamsewu akusambira. Bakha ameneyo sankatuluka pabwalo pathu, chifukwa mpanda unali wautali. Ngati anatuluka, ndiye kuti anadutsa pamwamba. Kumbuyo kwake kunkabwera patapata wanga wakumanzere, amene ndinamusiya pa mpando.

Kunabwera Aluya ndi chipembedzo chatsopano, ndipo Damasiko inakhala likulu la ufumu wofika mpaka ku Spain. Kameneko anathira mosangalala, kanatsala pang'ono kufika theka. Kunabwera ankhondo a mtanda ochokera ku Ulaya, anamanga malinga pamwamba pa mapiri, anawathamangitsa, malinga anatsala. Kunabwera Amongolo pa akavalo, ndipo anabwera kangapo, ulendo uliwonse ndi kakapu kake.

Apo n'kuti maso anga akuona zinthu zimene munthu sayenera kuona. Ndinaona ndevu za Msiriya zikukula. Mtima wanga unasiya kugunda umodziumodzi, unayamba kulira ngati njinga yamoto.

Kutsidya kwa msewu kunatulukira dikoni, buluku atapinda mpaka m'ntchafu, nsapato zili m'khosi. Atandiona analoza kunyumba kwanga, n'kuika dzanja m'chiuno mwake, kenako n'kulikweza pang'ono. Ndinamva. Msiriya anayesa ndi moni, ndipo anamuonetsa kaketulo.

"Neba! Bwerani!"

"Nili pa kusala kudya!" anakuwa dikoniyo, n'kuthawa madzi ali phwaa phwaa. Pambuyo pake anandiuza kuti nayenso anagwidwapo m'galajamo chaka china, ndipo anapulumuka pa Aperisi podzigwetsa ngati wakomoka.

Aturuki analamulira zaka mazana anayi, ndipo bamboyo sanadumphe ndi chimodzi chomwe. Ndinaona kuti nkhani yake yayamba kuyenda pang'onopang'ono. Anafotokoza za misonkho, za misika yofoleredwa, za sopo wa ku Alepo amene amamusunga miyezi yambiri asanamugulitse. Anabwereranso kumbuyo, akuti anaiwala mafumu ena a ku Iguputo. Anaika madzi ena pa mbaula. M'kachitini ka khofi supuni inayamba kukanda pansi, ndipo nkhope yake inayamba kuoneka ngati ya munthu amene basi yamusiya.

Afalansa anabwera itatha nkhondo yaikulu yoyamba, anajambula malire, anachoka itatha yachiwiri. Dziko linapeza ufulu. Kenako asilikali anayamba kulandana mpando, moti akuti munthu ukatsegula wailesi m'mawa n'kumva nyimbo za perete, unkadziwa kuti chithunzi cha pakhoma chisintha.

Atafika pamenepo anathira, koma sanandipatse msanga.

"Manje kwatsala chabe ija munaona pa TV," anatero. "Ija inanibweretsa kuno na chola chimozi na ketulo iyi."

Anayang'ana kaketuloko nthawi yaitali. Ine ndinamwa, n'kutambasula manja kuti ndibweze. Koma manjawo anali atasiya kale kumvera mwini wake. Khofi wa mitundu yonse ija anakumana m'mitsempha, dzanja linayamba kunjenjemera, ndipo kakapu kanagwedezeka kokha, kakulira pa mphete yanga ngati belu la sukulu.

Bamboyo anakalanda ngati akulanda mwana pamoto.

"Mulungu ni mukulu! Neba, mwakhuta!"

"Nakhuta pa ba Asuri paja, ba mudala."

"Nanga osagwedeza bwanji?"

"Kugwedeza chani?"

Anandionetsa. Tinayang'anana. Anati iye chikhalire sanaonepo munthu womwa khofi chotero, ndipo anayamba kuganiza kuti mwina ndatumidwa. Khofiyo anamutumizira mlongo wake kuti amufikitse chaka chamawa. Anati Aturuki anawatalikitsa dala, akuyembekeza kuti ndigwedeza tisanafike pa nkhondo yake, chifukwa imeneyo sakonda kuikamba.

"Chabwino," anatero akupukuta m'maso ndi nsalu ya girisi. "Manje kambani. Mwabwerera chani?"

Ndinakamba zonse m'mpweya umodzi: madzi, tebulo, makina, Matero. Mawu ankatuluka mothamanga moti ena anafika iye ndisanawanene.

Anagwira mutu ndi manja onse. "Mukazi ali pa tebulo, imwe muli pano mumvera va Amongolo? Neba, ndimwe ofuntha? Munthu amakamba!"

"Munati pakhosi pouma."

"Pakhosi pouma, osati nyumba yonyowa! Nyamulani uko!"

Tinaika pampu mu wilibala, koma titangotsika pa simenti wilibalayo inayandama, ndiye tinangoikankha ngati bwato. Iye anali kutsogolo akukalipira madzi m'chinenero chawo. Ine kumbuyo miyendo inkathamanga yokha, moti ndinamupitirira kawiri n'kubwerera kudzamutenga.

Tinapeza madzi atatsala chala chimodzi kuti akwere pa tebulo. Mkazi wanga anali atagwada, makina atawanyamula pachifuwa ngati khanda, mtolo ukadali pamutu, ndipo pamwamba pa mtolopo panali chule wamkulu, amene ndikuganiza kuti ndiye anali tcheyamani wa anzake. Mkazi wangayo sanandiyang'ane. Anapereka moni kwa mlendo yekha.

"Mwauka bwanji, ba tate? Pepani, pokhala palibe."

"Mama, pepani ndimwe. Mulandu ni wanga na wa Aturuki."

Anaponya paipi imodzi m'nyumba, ina pawindo, n'kundiuza kuti ndikoke chingwe cholizira injini. Akuti pampu imeneyo imavuta, imafuna kukoka kambirimbiri. Ine ndinangoyandikiza dzanja, injini inalira yokha chifukwa cha mantha. Madzi anayamba kutsika. Anatsika pa miyendo ya tebulo, mipando inaoneka, mbale zinakhala pansi pamalo pamene zinafika. Kumene madziwo ankapita sindinafunse, koma ndinamva alandilodi akukuwa kuseri.

Mkazi wanga anatsika, anaika makina pa tebulo, anawayendera ndi chala mbali zonse, pansi ndi pamwamba. Anali ouma. Atatero m'pamene anatembenukira kwa ine.

"Munali kuti nthawi yonse iyi?"

"Ku Siriya."

"Kuchita chani?"

"Kuyembekeza ba Falansa bachoke."

Anayang'ana Msiriya, Msiriya anavomera ndi mutu kuti ndi zoona. Kenako anayang'ana dzanja langa, limene linali likuvinabe lokha m'mbali mwa thupi. Analiyang'ana monga amayang'anira nsalu pamsika. Anamasula mtolo, anatulutsa chitenge choyamba, anachiika pansi pa singano, n'kugwira dzanja langalo kuliika pa chopukusira.

Makina aja sanathamangepo chotero chichokere kufakitale. Iye ankangowongola nsalu. Madiresi a operekeza onse anatha pansi pasanaume, ndipo tinasokanso makatani, ngakhale kuti mawindo owakwanira tilibe.

"Ku Matero muyendabe?" ndinafunsa, mano akugundana.

"Pukusani," anatero. "Nizaona ikatha khofi."