Likasa la Matenda a Msuweni Wanga

Nkhani iyi ndi yoona, ndipo ndikudziwa kuti munthu akayamba ndi mawu amenewa omvera amakhala bwino pampando kudikira bodza, makamaka wonenayo akakhala ine, amene ngakhale tsiku limene ndinkalengeza kwa abale kuti ndasiya sukulu anthu anaseka n'kundiuza kuti ndinene ina. Koma iyi yokha ndikhulupirireni. Mayina sinditchula, poti ena mwa anthuwa akali moyo ndipo akudziwa kumene ndimakhala.

Zinali m'zaka za m'ma 2000, ndikukhala ku Thamesmead kwa mayi anga aang'ono, omwe anali nesi pachipatala china. Ku London ndinadzera maphunziro a makompyuta ku Greenwich, koma chaka chachiwiri chili mkati ine ndi yunivesite tinagwirizana zosiyana mwamtendere, popanda kuvutitsa ankhoswe. Kuchokera pamenepo ndinkanyamula makatoni a zilazi ndi nsomba zouma m'sitolo ina ku Peckham, ntchito yolemekezeka ndithu, kungoti palibe amene amaijambulitsa n'kutumiza kumudzi.

Tsono ndinali ndi msuweni wanga, mwana wa amalume, wobadwa chaka chimodzi ndi ine. Anthu otere mukuwadziwa. Kupulayimale iye nambala wani, ine aphunzitsi ankandilembera kuti ndingathe nditafuna. Iye anapita ku Amereka, ku Kalifoniya, digiri anamaliza, ntchito anapeza, mkazi anakwatira wa mano oyera ngati a pachikwangwani. Chithunzi chake atavala mkanjo wa maphunziro chinali pakhoma pa mayi aang'ono, pamwamba pa wailesi yakanema, moti ndikamadya ankandiyang'ana m'mbale. Chithunzi changa chinali mupasipoti basi.

Chinthu chimodzi chokha ndinkamuposa, ndipo ndikuchinena mosanyada: chamba. Sindinali katswiri ayi, ndinkangokoka mwa apo ndi apo kuseri kwa mabini a pamdadada wathu, mtima uli phaphapha poopa apolisi ndi mayi aang'ono, koma makamaka mayi aang'ono. Msuweni wangayo anali wa kwaya, woti ngakhale utsi wa ndudu ankaukupiza ndi buku la nyimbo. Ndiye taganizani mmene ndinamvera tsiku lina masana nditatsegula imelo pamalo olipira intaneti ku Peckham, n'kupeza wanditumizira chithunzi cha khadi. Khadi ya boma, yokhala ndi nkhope yake, nambala ndi chidindo. Pansi pake analemba mzere umodzi, kuti dokotala wasaina ndipo boma la kumeneko lamulembetsa m'gulu la odwala ololedwa kugwiritsa ntchito chamba ngati mankhwala, n'kuwonjezera kuti ndione mmene moyo umatembenukira.

Ndinakhala pakompyutapo mpaka nthawi yanga inatha. Munthu ameneyu wanditengera nambala wani, wanditengera Amereka, wanditengera khoma, lero walowanso m'munda mwanga, ndipo walowa ndi chilolezo? Ine wobisala kumabini ngati khoswe, iye wosuta ndi chidindo cha boma? Nsanje ija inandikwera mpaka m'makutu. Mawu oti odwala ndinawawerenga ndithu, koma ndinawamva ngati mmene timamvera mawu oti wophunzira pa ma viza a anthu ena amene ndikuwadziwa.

Loweruka ndinagula khadi yoimbira kunja n'kumuimbira. Sindinataye nthawi ndi malonje, ndinangomufunsa kuti dokotalayo anamuuza chiyani kuti asaine. Anayamba kutchula pang'onopang'ono, mawu ake ali ofooka, ine n'kumati mumtima mankhwala aja ndi amphamvu. Anati chilakolako cha chakudya chinatha, thupi linayamba kutsika, thukuta linkanyowetsa zofunda, kutopa kosatha, nseru, ndiponso kachotupa pakhosi. Ine ndinkalemba pachidutswa cha katoni, wani mpaka sikisi, mmene tinkalembera likasa la mayeso kusekondale. Atandifunsa chomwe ndikufunsira, ndinati ndikuchita kafukufuku. Anaseka, n'kutsokomola, n'kunena kuti msuweni iwe sudzasintha.

Zoti kuno ku England khadi yotereyi kunalibe sindinafufuze. Nzeru zanga zinandiuza kuti azungu ndi amodzi, ngati fomu ili ku Amereka ndiye kuti kuno ili m'dirowa ina, kungofunika munthu wodziwa mayankho. Ndinakonzekera mayeso amenewa kuposa onse amene ndinalembapo. Masiku atatu ndinkadya pang'ono kuti masaya alowe, ndinabwereka shati ya mnzanga wonenepa, ndipo pabasi yopita kwa dokotala ndinakhala m'chipinda cham'mwamba kutsogolo n'kumaloweza. Nambala sikisi yokha ndinaganiza zoisiya, chifukwa chotupa sungachinamizire, dokotala akhoza kufuna kuchiona.

Adokotala anali mayi achikulire a magalasi, osaseka. Ndinawayalira zisanu zija mwadongosolo, mawu nditawatsitsa ngati wopepesa maliro, ndipo pomaliza ndinatchula mwaulemu za khadi. Anandiyankha osadzutsa mutu kuti zimenezo m'dziko lino kulibe ndipo lamulo silizidziwa. Ine ndinayamba kale kutola jekete kuti ndizipita, koma iwo anaimirira, anasamba m'manja, n'kundiuza kuti ndimasule batani lam'mwamba. Zala zawo zozizira zinayenda kuseri kwa makutu, pansi pa chibwano, kumanja, kenaka kumanzere, ndipo kumanzereko zinaima. Zinabwerera, zinaimanso. Anandifunsa kuti ichi chakhalapo nthawi yaitali bwanji. Ndinafunsa kuti chiti. Anatenga chala changa chomwe n'kuchiika pamwamba pa fupa la pakhosi, ndipo pamenepo panali kanthu kolimba, kosapweteka, kakukula ngati nzama.

Abale anga, nambala sikisi. Ija sindinaitchule.

Ndinayesa kuulula pomwepo. Ndinati zina zija ndawonjezera, kudya ndimadya bwino, shatiyi ndi ya mnzanga. Anandiyang'ana pamwamba pa magalasi n'kunena modekha kuti amuna ambiri amatero akachita mantha, ndipo anapitiriza kulemba. Tsiku lomwelo ananditenga magazi n'kunditumiza kokajambula pachifuwa. Amene munakhalako kuno mukudziwa kuti kalata ya kuchipatala imayenda ngati bilimankhwe, munthu umachira kapena kufa isanafike. Yanga inafika sabata yomweyo.

Anaitola pakhomo ndi mayi aang'ono, m'mawa akusita yunifolomu. Anaiwerenga kawiri, anazimitsa simbi, anakhala pansi, n'kundiuza kuti ndiyandikire. Atagwira pakhosi panga nkhope yawo inasintha mwa mtundu umene sindinauonepo. Pofuna kuwatonthoza ndinawafotokozera zonse, za imelo, za katoni, za shati, ndikuyembekezera kuti andikalipira mpaka aneba agogode khoma, ndipo kunena zoona kukalipako ndinkakufuna. Sanakalipe. Anati ndibwereze mndandandawo, ndipo nditafika pa sikisi anandifunsa ngati ndikudziwa chimene ndaloweza. Msuweni wanga anali ndi khansa ya m'mwanabere. Miyezi yambiri anali pa mankhwala aja othothola tsitsi, ndipo chambacho anamulembera kuti nseru ichepe, athe kumeza ngakhale phala. Banja lonse linkadziwa, kuyambira ku Zomba mpaka ku Kalifoniya, koma anagwirizana kuti ine asandiuze chifukwa pakamwa panga palibe chitseko.

Kenaka anandifunsa ngati mayi anga sanandiphunzitse kuti wodwala satsanziridwa. Kwathu mwana akatsanzira kayendedwe ka wolumala kapena katsokomoledwe ka wodwala amalandira khofi pomwepo, chifukwa amati zimakakamira. Ndinawakumbutsa kuti iwo ndi nesi wophunzira. Anati ndi nesi, inde, ndipo zaka zonse zimene akhala m'mawodi zawaphunzitsa kuti matenda ali ndi makutu, ukawatchula mayina mwaulemu chonchija, limodzi limodzi, amayesa wawaitana.

Ndikuuzeni chinthu chochititsa manyazi? Mantha anabwera poyamba, koma pambuyo pake penipeni panabwera nsanje ija. Anthu onsewa akhala akusala kudya, kupemphera, kuimbirana mafoni chifukwa cha iye, ine ndili m'nyumba momwemo osauzidwa kanthu ngati mpando. Ngakhale podwala anali nambala wani.

Zimene zinatsatira ndi zomwe zimandiumitsabe m'kamwa. Zizindikiro zija zinayamba kubwera, ndipo zinabwera motsata manambala a pakatoni paja. Chakudya chinayamba kundikanika chenicheni, mpunga ukumveka ngati mchenga. Lamba ndinaboola bowo latsopano. M'mawa ndinkadzuka zofunda zili chonyowa ngati ndagona pamvula. Makatoni amene ndinkanyamula awiriawiri anayamba kundigwetsa limodzi lokha, mpaka mwini sitolo anandifunsa ngati ndayamba kusala. Pabasi chala changa sichinkachoka pakhosi, ndipo ndikulumbira kuti kanthu kaja ndinkakamva kakukula pakati pa siteji ndi siteji. Tsiku lina ndinafunafuna chidutswa cha katoni chija n'kuchiotcha musinki kuti mwina ndingafafanize pangano, koma chomwe chinachitika n'chakuti belu la utsi linalira ndipo mayi wa khomo loyandikana anatuluka ndi mphaka wake m'manja.

Kuchipatala anadula kachidutswa ka chotupacho kuti akapime, n'kundiuza kuti ndidikire masabata awiri. M'chipinda chodikirira munali anthu ovala mipango ndi zipewa m'nyengo yotentha, ndipo bambo wina wa msinkhu wanga, wopanda nsidze, anandigwedezera mutu mmene amachitira akulu ampingo polandira membala watsopano. Ndinafuna kumuuza kuti ine si wa kuno, ndangobwera ndi likasa. Koma ndani akanandimvera?

Sabata yachiwiri ndinalephera kupirira, ndinamuimbira msuweni wanga n'kuulula. Anaseka mpaka mkazi wake anamulanda foni kuti apume. Atabwerera anandikumbutsa tsiku limene ndinakopera masamu ake mu Sitandade 5 mpaka ndinakopera ndi dzina lomwe pamwamba pa pepala. Anati ngati khadiyo ndikuifunadi anditumizira, koma imabwera ndi katundu wake yense, saigulitsa payokha. Kenaka mawu ake anatsika, n'kunena kuti iye ndiye amandisirira ine, chifukwa anamva kwa azakhali ake kuti ndimatha mbale ziwiri n'kufunsanso zotsala. Anandipempha kuti ndimufotokozere chimene ndadya tsiku limenelo, ndisasiye kanthu. Ndinali ndisanadye chilichonse. Ndinamunamiza, ndinamuuza za nkhuku yootcha ya pakona ku Peckham, khungu lake lopserera, tsabola wake, mafuta otsikira m'zala, iye akumvetsera, mwa apo ndi apo n'kumati ndipitirize. Pa mabodza onse amene ndanena pamoyo wanga, limenelo lokha ndi limene sindinalape.

Zotsatira zitatuluka adokotala a kuchipatala anati si khansa, ndi TB ya m'mwanabere, yochizika. Anati mwina ndinabwera nayo kuchokera kwathu ndipo yakhala ikugona m'thupi zaka zambiri, n'kundiyamikira kuti ndine mmodzi wa amuna ochepa odziwa kumvera thupi lawo n'kuthamangira kuchipatala msanga. Ndinalandira chiyamikirocho mwaulemu, poti n'choyamba chimene ndinalandirapo kwa munthu wophunzira. Anandipatsa mapiritsi a miyezi isanu ndi umodzi, osanduliza mkodzo kukhala ngati fanta, ndi kakhadi kolembapo masiku obwera kukliniki. Khadi ya boma ndinaipeza ndithu.

Ine ndinachira. Msuweni wanga anatisiya chaka chotsatira. Mapemphero a kuno tinachitira m'nyumba ya mayi aang'ono Lamlungu masana, anthu a kumpingo anadzaza mpaka pamasitepe, ndipo mmodzi mmodzi ankaimirira kunena za nzeru zake, ulemu wake, mawu ake a mukwaya. Ine ndinkazungulira ndi thireyi ya tiyi. Ndili pakati pa anthuwo ndinadzimva ndikufunsa mumtima kuti kodi akanakhala ine, anthu akanafika pamasitepe? Akananena chiyani? Chotupa chija chinandiopsa, koma sichinafike pamenepa, pozindikira kuti ndikuchitira nsanje munthu amene ali m'bokosi.

Lero mukandifunsa chimene ndimakhulupirira, ndimati adokotala ananena zoona kuti matendawo analimo kale, ndipo mayi aang'ono sananame kuti ndinawaitana. Chinthu chikhoza kugona m'nyumba zaka zambiri osavutitsa munthu, mpaka chitsiru china chibwere kudzagogoda. Chamba ndinasiya, osati chifukwa cha ulaliki, koma fungo lake limandikumbutsa munthu womvetsera nkhani ya nkhuku pafoni. Tsono inu amene mumayang'ana zithunzi za abale anu a kunja mtima ukuwawa, musamatsanzire wodwala, ngakhale mwanthabwala, ngakhale pofuna tsiku lopuma kuntchito. Ndipo m'bale wanu akakuonetsani chinthu chimene inu mulibe, yambani mwamufunsa kuti wadzuka bwanji. Ine munthu anandiwerengera matenda ake asanu ndi limodzi ndi pakamwa pake, ndipo chomwe ndinamufunsa n'chakuti abwereze nambala folo, sindinaimve bwino.