Bondo Lokana Kunjutira Apongozi

M'boma lonse la Mulanje, kuchokera ku Muloza mpaka ku Likhubula, ndine ndekha amene ndinafa m'mawa n'kuuka masana, ndipo ndinauka ndili waulemu kuposa mmene ndinafera. Abusa a kwathu amatsutsa. Amati madokotala anangondigonetsa ndi mankhwala kuti apinde bondo langa. N'zoona, koma abusawo kunalibe.

Koleji ya uphunzitsi ndinaisiyira panjira. Ine ndi aphunzitsi anga tinagwirizana mwamtendere kuti tisamaonanenso. Ndiye ndinapita ku Likhubula kukagulitsa Chingerezi changa. Anzanga ankasenza katundu wa azungu okwera phiri, ine n'kumatsogola, kuwauza mayina a mitengo, ena mwa mayinawo oona. Tsiku lina ndikuloza mkungudza ndinaponda mwala woterera, fupa la pabondo n'kusweka. Ku Blantyre analimanga ndi waya, n'kundiveka chikhakha kuyambira m'ntchafu mpaka kuphazi. Atachichotsa, mwendo unatuluka wowonda, wotuwa, wowongoka ngati munsi. Kupinda unakaniratu.

Mmene ndinkachitira kuchimbudzi chokumba, imeneyo ndi nkhani ya ine ndi Mulungu wanga.

Vuto lenileni linali mtsikana wina wothyola tiyi ku esiteti, amene ndinamufunsira mbeta iye n'kundilola. Kwathu kuno mkamwini akakumana ndi apongozi panjira amapatuka, n'kunjuta pambali, maso pansi, kuwomba m'manja mpaka adutse. Ine ndinakumana ndi amayi ake pakanjira ka pakati pa tiyi. Kupatuka ndinapatuka. M'manja ndinawomba. Koma ndinali chilili ngati mlonda wa pageti la bwana.

Dzuwa lisanalowe nkhani inali itafika kwa amalume ake a mtsikanayo, amene anali kapitawo pa esitetipo. Iwo anaitanitsa amalume anga, omwe anali ankhoswe anga.

"Mwana wanu wa kukolejiyu akuti bondo linauma," anatero akapitawo. "Chabwino. Nanga ife tidziwa bwanji kuti chouma ndi bondo, osati mtima? Abwere adzanjute pakhomo pano tione. Akalephera, akafune mkazi kwa azungu ake omwewo."

Mtsikanayo naye sanandinyengerere. "Inu, pindani mwendowo," anandiuza. "Kufakitale kuli kalaliki amene amanjutira ngakhale mbuzi za amayi."

Ndinatenga khadi la chipani, poti popanda ilo ayufi, anyamata a chipaniwo, sakanandilola kukwera basi, ulendo wobwerera ku Blantyre. Dokotala anagwira bondo, n'kuyesa kulipinda. Ndinakuwa m'Chichewa, m'Chilomwe, n'kumalizira m'Chingerezi kuti adziwe kuti akupweteka munthu wophunzira.

"Minofu yamatirirana mkati chifukwa chokhalitsa m'chikhakha," iye anatero. "Muli maso simungatilole. Tikugonetsani, kenako tilipinda ndi manja mpaka zomatazo zilekane."

"Mpeni?"

"Palibe mpeni."

"Ndiye sukulu yonse ija, adokotala, n'cholinga choti muzipinda miyendo ya anthu ogona?"

Anandiyang'ana monga ankandiyang'anira aphunzitsi anga aja, ndipo ndinadziwa kuti ndili m'manja mwa katswiri.

M'mawa wa tsikulo anandimana ngakhale madzi. Anandigoneka patebulo, n'kundivundikira chinthu cha labala pamphuno, chonunkha ngati sipiriti. Namwino anati, "Pumani kwambiri, achimwene." Ndinakonzekera kunena mawu omaliza oti dziko lizikandikumbukira nawo. Ndinangofika pa "Ine".

Ndinauka masana ndikusanza, bondo lili lopindika pamwamba pa mapilo, lotupa ngati chinanazi. Pabedi loyandikana panali mkulu wina wa ku Muloza amene anathyoka mkono atagwa panjinga ndi thumba la chimanga.

"Aphwanga," anatero, "ine ndinali panja pa chitseko kudikira nthawi yanga. Bondo lanulo linalira ngati munthu akuthyola nzimbe. Ndinatsala pang'ono kuthawa, kuti mkonowu ukapolere kumudzi."

Ululu wake unali wosasimbika, koma ntchito inali isanathe. Mayi wophunzitsa odwala kuyenda ankabwera m'mawa uliwonse kudzalipinda ndili maso. "Mukaligoneka limatanso," ankatero, "ndiye tidzakuphaninso kachiwiri." Ine kufa kamodzi kunandikwana. Ndinayamba kunjuta nditagwira chitsulo cha bedi, mkulu wa ku Muloza uja atafunda nsalu kumutu, kukhala apongozi anga.

"Tsikaninso, akamwini, ndikuonabe mphuno yanu!"

Ndinatsika, misozi ili chuchuchu, wodi yonse ikuwomba m'manja.

Pa tsiku la mayeso enieni ndinabwereka thalauzi la msuweni wanga, munthu wabwino mtima koma wopanda matako. Pakhomo pa akapitawo anthu anali atakhala pamkeka, amayi ake a mtsikanayo chapatali, atayang'ana kumbali monga mwa mwambo. Ndinafika pakati pa bwalo. Ndinapuma kwambiri monga anandiphunzitsira namwino, n'kutsika mpaka pansi.

Kunamveka phokoso. Kwee!

"Mayo ine, bondo la mwana!" anakuwa apongozi, n'kuiwala mwambo wonse, kuthamangira kwa ine. Amalume anga anagwira kumutu.

Bondo linali bwinobwino. Chimene chinalira ndi thalauzi, kuchokera kutsogolo mpaka kulamba wa kumbuyo.

Ndinawatsimikizira apongozi, maso pansi, kuti ndili moyo. Akapitawo anati, "Taona. Dzukani, mukhale pampando."

"Ayi, bambo, pomwe pano pali bwino."

"Dzukani, mwendo ungatupe."

"Pamaso pa akuluakulu? Sindingayerekeze."

Ndinanjuta choncho nkhani zonse za ukwati mpaka kutha, thukuta lili kamukamu, bondo likuyaka moto, kumbuyo kukupita kamphepo ka kuphiri. Anthu atabalalika, mtsikanayo anadutsa kumbuyo kwanga, anaona, n'kundiponyera chitenje. Mapewa ake okha ndiwo ankagwedezeka. Mpaka lero, pamene tili ndi zidzukulu, akaona munthu akuthyola nzimbe amatuluka panja kukaseka, poti mawu a mkulu wa ku Muloza aja ndinamuuza.

Akapitawo anauza amalume anga kuti chibadwire sanaonepo mnyamata wa sukulu waulemu chotere. Kalaliki uja anakwatira kwina.

Chipatala chinali cha boma, sichinandilipiritse. Telala wa pakhonde ku Chitakale ndiye anandidula matambala makumi awiri.