Dzina Limene Ndinkafuna Kupatsa Mwana Wanga

Mwana wathu woyamba anabadwa chaka chimene tinavota kachiwiri m'zipani zambiri, ndili mphunzitsi pa Phalombe Boma. Ndinkafuna atenge dzina langa lachilomwe. Chilomwecho sindichidziwa, kupatula moni ndi mawu otukwana awiri atatu, koma malemu mayi ankandiuza kuti dzinalo limatanthauza mwana wokondedwa. Ndinkanyada nalo ngati nsapato zatsopano.

Mkazi wanga, wa ku Ntcheu, anakana. "Dzina losafufuza musandipachikire mwana. Kafunseni kaye."

Ndinapsa mtima. Mphunzitsi wathunthu kukafunsa za dzina langa lomwe! Koma mchombo wa mwana unali pafupi kugwa, tsiku lomutcha dzina layandikira, choncho Loweruka ndinapalasa njinga kupita kumudzi kwathu m'munsi mwa Michesi, kwa mayi aakulu, mkulu wawo wa mayi anga. Ndinapita kukatenga umboni woti ndikamutseke nawo pakamwa mkazi wanga.

Ndinawapeza akupeta nandolo. Nditafotokoza, anaika lichero pansi.

"Mwanayo akudwala kodi?"

"Ayi, ali bwinobwino."

"Nanga mwamulakwira chiyani? Dzina limenelo sapatsa mwana amene akuyembekeza kuti akula. Likunena kuti uyunso ndi wa kudothi. Amapatsa mwana wobadwa anzake atatha, kuti imfa imunyoze, imudutse."

Ndinaseka, ndikuti asokoneza, poti ine ndine woyamba kubadwa.

"Woyamba ndani? Inu ndinu wachisanu, bambo. Anayi tinakaika ndi manja athuwa, amayi okhaokha, monga timaikira makanda. Mayi anu sanakusokereni ndi kamalaya komwe mpaka mutayamba kuyenda. Ankaopa kukuzolowerani."

Zaka makumi atatu ndikudzitcha chisamba, ndikudula mawu pamaliro ndi pamaukwati monga wamkulu, osadziwa kuti ndili ndi akulu anga anayi. Ndinawakwiyira malemu mayi anga chifukwa chondinamiza. Kenako ndinakumbukira mmene ankandigwirira pachipumi ndikangotsokomola pang'ono, ine ndikuwakankha dzanja, ndipo ndinachita manyazi. Pobwerera njinga ndinangoikankha, kukwera kunandikanika.

Kunyumba mkazi wanga anandifunsa akuyamwitsa, "Ndiye akuti likutanthauza chiyani?" Ndinamuuza zonse. Sananene kuti ndinakuuzani, anangomufungatira mwana kwambiri.

Mwanayo tinamutcha dzina limene anasankha mayi ake. Langa ndikadali nalo, koma kuyambira tsiku limenelo, munthu akandiitana ndimayankha ndikudziwa kuti ndikuyankhira anthu asanu.