Jekete Lobwereka

Pensulo ndinayamba kuigwira ndili kale ndi ana, pa sukulu ya akuluakulu ya ku tchalitchi kwathu ku Zengeza. Ndi komweko tinapangana zochita sewero. Dziko la eni lomwe tinkakhalamoli linali litangolandira ufulu, koma nkhalamba zathu zochokera ku Malawi, zomwe mphamvu zinathera m'mafamu ndi m'migodi, zinkangobwezedwa ku ofesi ya chithandizo cha boma. Tinati tiitane a ku ofesiko adzaone okha.

Ine anandipatsa mbali ya nkhalamba yoima pa mzere. Woti ndimutsanzire sanandivute kupeza. Ku Unit G kunali madala ena a kwathu ku Dedza, opanda mkazi ngakhale mwana, ochita lendi kachipinda kakuseri. Chithandizo chawo chinali chitaimitsidwa, ndipo mwininyumba anali atayamba kale zowatulutsa. Ndinapita kukabwereka jekete lawo, lobiriwira, la mabatani osiyanasiyana.

"Mukukafunsira nalo mbeta, achimwene?" anandifunsa akuseka.

"Ayi madala, tikukumenyerani nkhondo."

"Nkhondo ya jekete! Tengani, koma musalichape, lingathere m'madzi."

Anthu a ku Zengeza sakhalira sewero losaseketsa, amanyamuka n'kupita ku bhawa kukamwa. Choncho pokonzekera tinkathira nthabwala. Ndinatenga kayendedwe ka madala aja kokoka mwendo, chizolowezi chawo chovula chipewa akadali pa geti, ndi Chishona chawo chopindika, chija ana athu amatiseka nacho kunyumba.

Tsikulo holo inadzaza. Madala tinawakhazika kutsogolo, pafupi ndi mayi wochokera ku ofesi. Nditangotulukira, wina kumbuyo anakuwa m'Chishona, "Ndisekuru vekuUnit G avo!" kutanthauza kuti ndi agogo a ku Unit G aja. Jekete anali atalizindikira. Holo yonse inafa ndi phwete. Kusekako kunandikomera, ndipo mwendo ndinaukoka koposa mmene tinakonzera. Pomwe ndinagwada kupempha kalaliki, pamene tinkati anthu adzalira, anaseka mpaka kupukuta misozi.

Sewero litatha, mayi uja anatiyamikira, nati madalawo abwere Lolemba, nkhani yawo aiona yekha. Kuyang'ana pa benchi, eni ake palibe.

M'mawa mwake ndinawapeza atakhala pakhomo ndi malaya okha, chisanu cha Juni chili tsoo.

"Madala, zatheka. Akuti mupite Lolemba."

"Ndipite ndikagwade? Mwandigwadira kale inu. Mwagwada bwino kwambiri."

"Ndabwera ndi jekete."

"Limenelo ndi lanu tsopano. Ine ndikalivala anthu aziti sewero layambanso."

Ndinawanyengerera, abusa nawonso anawanyengerera. Njira ya ku ofesi inkadutsa pa msika, pomwe mavenda anali atayamba kale kukoka miyendo akawaona. Lolemba linafika n'kudutsa, sanapite. Mwezi usanathe, mwininyumba anaika munthu wina m'kachipinda kaja. Ena ankati madala apita kukalondera pa famu ina cha ku Marondera, ena ankati anawaona ku Mbare. Ndinawafunafuna pokwerera mabasi, osawapeza.

Sewerolo tinalichitanso ku Unit K, ndipo nkhalamba zingapo zinayamba kulandira chithandizo. Mbali yanga anatenga mnzanga, atavala jekete logula pa salaula, pogulitsira zovala zakale, losadziwika mwini wake. La madala aja likadali m'sutikesi yanga pansi pa bedi. Sindinalichape.