Nyimbo Yotsimphina ya a Loko

Alamu anga amadula makiyi, ndipo ntchito imeneyi inawasokoneza mutu. Munthu akabwera kudzadulitsa kiyi wachiwiri, amayamba amuyang'ana nsapato, kenaka m'maso, n'kufunsa kuti, "Chitseko chake n'chanu?" Kwa iwo munthu aliyense ndi wakuba amene sanapeze mpata. Anthu a mumsewu wathu anangowatcha a Loko, ndipo iwo dzinalo analilandira ngati ulemu. Kabenchi kawo kayang'anizana ndi chipinda changa chometera, choncho kwa zaka makumi awiri ndakhala ndikuwaonera pagalasi akukayikira ngakhale ntchentche yotera pa makina awo.

Chimene anthu sankadziwa n'chakuti a Loko amaimba gitala. Ankaitsekera m'bokosi la maloko awiri kunsi kwa bedi, n'kumaitulutsa Lamlungu masana, chitseko cha kuchipinda chili chotseka, womvera ali mmodzi yekha: mkazi wawo, achemwali anga. Nyimbo yopeka okha anali nayo imodzi, ya magwiridwe atatu basi, yoyamba ndi mawu akuti, "Ndafika ndi mvula, mayi, nditsegulire." Anaipeka chaka chimene makina anawadya chala chachinayi cha kumanzere. Chifukwa cha chalacho, pochoka pa kagwiridwe kachiwiri kupita pa kachitatu dzanja limachedwa, kachala kakang'ono kakuthamangira ntchito ya mnzake, ndipo nyimbo imaima pang'ono ngati munthu woponda minga. Ine ndinaimvapo kamodzi, ndili kuseri kwa zenera.

Mwana anali naye mmodzi, wamkazi. Atakula anayamba kuchedwa kubwera kunyumba Lachitatu lililonse. A Loko sanafunse kawiri. Anagamula kuti ndi zibwenzi, anamuikira chikwama pakhonde, n'kusintha loko tsiku lomwelo. Panapita zaka zisanu ndi zinayi, tikungomva kuti mwanayo anapita kutali, ndipo m'nyumbamo analeka kumutchula.

Tsiku lina m'mawa bambo wina wokankha wilibala ya njerwa anadutsa pakati pathu akuimba mluzu. Makina a a Loko anazima kiyi ali pakati. Anawoloka msewu osayang'ana galimoto, n'kulowa mwanga ndikumeta munthu.

"Alamu, mwaimva?"

"Ndamva mluzu. Mluzu waletsedwa liti?"

"Ndi nyimbo yanga imene ija. Yatuluka bwanji m'chipinda mwanga?"

Ndinaseka mpaka wometedwa uja anandigwira dzanja poopa khutu lake. Ndinawauza kuti nyimbo za magwiridwe atatu zilipo zosawerengeka, za kutchalitchi, za kumpira, za ana odumpha chingwe, zonse njira yake ndi imodzi: kuchoka pakhomo, kufika kumsika, kubwerera. Nanga njira ya kumsika munthu angaitchingire loko?

"Njira ndi ya aliyense," anatero. "Koma kutsimphinako n'kwanga. Munthu wa mluzu aima bwanji pamene chimaima chala changa? Pali amene anaona dzanja langa, kapena anauzidwa ndi amene amaliona. Ndipo amaliona ndi mmodzi."

Apa kuseka kunandithera. Anati achemwali anga masiku ano amachoka Lachisanu lililonse ati kukayezetsa magazi kuchipatala, koma amabwerako akung'ung'udza nyimbo, nkhope ili gwa ngati munthu wosunga kanthu. Anati pali mwamuna wa gitala kwinakwake amene akuimbiridwa nyimbo yawo, ndipo tsiku limene adzamupeze, achemwali adzapeza chikwama pakhonde. Ndinkawadziwa. Munthu amene anatsekera kunja mwana wobereka yekha sangavutike ndi mwana wa eni ake.

Ndinati ndiyese: "Nanga mwana uja?"

"Ameneyo sanakhudzepo nsambo. Makiyi a bokosi ndimagona nawo m'khosi."

Ndinatseka chipinda changa n'kuwatsatira, osati powathandiza, koma kuti pakaphulika ndikhale pafupi.

Wa wilibala tinamupeza akutsitsa njerwa. Anati nyimboyo anaitola kwa amayi ochapa zovala kuseri kwa chipatala. A Loko atamva mawu akuti chipatala anandiponyera diso loti, mwaonatu. Amayi aja tinawapeza alipo anayi, akuyanika nsalu za pabedi, ndipo anatiimbira mosanyinyirika. M'mawu awo mvula ija inali itasanduka dzuwa, mayi uja atasanduka kapitawo, wopemphedwa kuti atsegule geti anthu aweruke. Koma pamalo paja onse anayi anaima pamodzi, mmodzi n'kumenya nsalu yonyowa pamwala, kenaka n'kupitiriza.

"Mukuimiranji pamenepo?" anafunsa a Loko.

"Ndi pokomera pake pamenepo, bambo. Mukufuna tipumire pati?"

"Anakuphunzitsani ndani?"

"Kuphunzitsa? Nyimbo imangobwera ngati chimfine. Kafunseni wa gitala wa pa depoti, amaiimba kutacha."

Kunena zoona, pa ulendo wa ku depoti nanenso mtima unayamba kundiluma. Achemwali anga magazi awo sanavutepo chibadwire. Ndipo Lachisanu lapitalo ndinali nditawaona atavala nsapato zawo za ku ukwati, zimene munthu savala pokabayidwa jakisoni.

Wa gitala uja anali wamtali, wa ndevu zosamalidwa bwino, mtundu wa amuna amene a Loko amadana nawo asanayankhule. Anakhala pa kreti pafupi ndi mabasi. Nyimbo yake inali ya dalaivala wosiya anthu pa siteji, ndipo makondakitala ankavomera. Zala zake zinali zonse zisanu, koma pofika paja anapinda chachinayi m'chikhatho, kachala kakang'ono n'kuthamanga. A Loko anamugwira kolala.

"Dzanja limenelo unaliona kuti? Amabwera kwa iwe Lachisanu?"

"Ndani? Mdala, ndisiyeni! Ine ndinaonera aphunzitsi a mwana wanga, ku sukulu ya mkaka kuseri kwa malo omwetsera mafutawa. Umu ndi mmene amagwirira iwowo. Ndinayesa kugwira bwinobwino, sikoma."

"Aphunzitsi aamuna?"

"Pitani mukadzionere nokha, musandithothole mabatani."

Sukuluyo inali chipinda chimodzi cha mazenera otsika, nsapato zing'onozing'ono zili mndandanda pakhomo. Linali Lachisanu. Tinasuzumira pazenera ngati akuba amene a Loko amawanena. Ana anakhala pamkeka. Kumbuyo, pa kampando ka mwana, panali achemwali anga ndi nsapato za ku ukwati zija, atanyamula kamtsikana ka zaka ngati zitatu. Kutsogolo kunali mayi wa gitala, ndipo mphumi yake inali ya a Loko yeniyeni. Ankaimba mawu oyamba aja, a mvula, osasintha ngakhale limodzi. Pofika paja anapinda chala chake chabwinobwino, nyimbo inaima, ana onse anaomba m'manja kamodzi.

Mayi wa gitala uja anatiwona. Anamaliza nyimbo kaye, n'kutuluka gitala ili m'manja.

"Amalume," anandipatsa moni. Kenaka, motsitsa mawu, "Ababa."

Ine ndinkayembekeza kuti munthu apepese. Koma a Loko ndi a Loko.

"Unatsegula bwanji bokosi langa?"

"Sindinalitsegulepo. Ndinkakuonerani pa kabowo ka kiyi Lamlungu lililonse. Lachitatu ndinkapita ku holo ya tchalitchi, kunali gitala yobwereka. Ndinkafuna ndidzakuimbireni ndikaidziwa bwino."

"Nanga chalacho? Chala uli nacho, ukuchipindiranji?"

Anayang'ana dzanja lake. "Ndinkayesa ndi mmene amagwirira. Pamene ndinadziwa kuti ayi, chinali chitazolowera."

A Loko anayang'ana mkazi wawo, amene anaima pakhomo ndi mdzukulu amene iwo sankadziwa kuti aliko. Kenaka anatembenuka n'kumapita, ine pambuyo. Njira yonse ine ndinali ndi manyazi anga chifukwa cha nsapato zija.

M'mawa mwake ndinawaonera pagalasi akudula kiyi popanda kasitomala. Anamupala, anamupukuta, anamufanizira ndi mmodzi wa makiyi a m'khosi mwawo katatu. Masana achemwali atabweretsa chakudya, anawapatsa kiyi uja osawayang'ana. Ndinawoloka msewu lumo lili m'manja, chifukwa zoterezi sindifuna kuuzidwa ndi wina.

"Mukamupatse," anatero a Loko. "Ndi wa chitseko cha kumaso."

Achemwali anamutembenuza kiyi uja, n'kumubwezera pa benchi.

"Ali naye kale. Ndinakadulitsa kwa mnzanu wa kumsika sabata yomwe munasintha loko."

"Zaka zonsezi? Ndiye osabwera bwanji?"

"Mwaiwala mawu a nyimbo yanu yomwe, bambo? Samati ndipatseni kiyi. Amati nditsegulire."

A Loko anagogoda pa benchi ndi chitsa cha chala chija. Kenaka anavula epuloni, anandifunsa ngati sukulu za mkaka zimatsegula Loweruka, ndipo nditati ayi anafunsa achemwali njira ya kunyumba kwa mwanayo. Ananyamuka dzuwa lili pamutu. Kabenchi anakasiya pamtetete, makina, makiyi ndi maloko onse ali poyera, ndipo ndinakhala ndikuwalondera ine mpaka madzulo.