Tsiku Loika Ada, Ama Anadzozedwa Mafuta

Ndinadzuka tambala asanalire, ndipo zimene zinandidzutsa ndi mfuti. Ada anali atamwalira masiku awiri apitawo, ndiye anyamata awo ankawomba m'mwamba kuti akutali amve. Ine ndimati mfutizo zinali mazana atatu. Ena amati zinali zisanu ndi imodzi, ziwiri zokanakana kulira, koma amenewo sanapondeko kusukulu.

Amuna tinagona panja pamchenga, m'kati mwa linga. Mwera unawomba usiku wonse, wozizira woti ngakhale ng'ona zinapempha moto. Amayi anachezera kulira m'nyumba momwe munali thupi, ndipo m'bandakucha mawu anali atawathera, kunkangomveka kusisima. Kuseri kwa nkhokwe moto wophikira unali utayaka kale.

Kwathu ku Chintheche timayankhula Chitonga, bambo timati Ada, mayi timati Ama. Chinenero ndikulemberachi ndinachitola kusukulu ya azungu ku Bandawe. Sukuluyo ndinaisiya chifukwa nzeru zinali zitandikwana. Aphunzitsi amati anachita kundithamangitsa, koma aliyense ali ndi pakamwa pake.

Ada anali munthu wankhondo. Ali mnyamata Angoni anawagwira, kuwaboola makutu, kuwaphunzitsa chishango ndi nthungo. Atakula anatembenukira eni akewo, anatsetsereka ndi anthu kubwera kunyanja kuno, n'kumanga linga limene tinkagonamolo. Angoni atawalondola anabwerera akutsimphina. Nkhaniyi Ada ankainena pamowa uliwonse, ndipo ulendo uliwonse Angoni ankachuluka. Amene amati ine ndimakokomeza adziwe kumene ndinatengera.

Koma munthu amene anathawa ukapoloyo anadzakhala ndi akapolo ochuluka kuposa nkhuku zake. Ena anawagwira pankhondo, ena anawagula ndi minyanga kwa amalonda a m'madawo, mabwato akuluakulu a matanga aja. Anali ndi makomo anayi. Kulinga kuno kunkakhala mkazi wamkulu ndi mfuti. Ku Kande kunali minda ya chinangwa yoti ukayamba kuidutsa uli mwana ukatulukira uli ndi imvi. Ku Makuzi kunali mabwato ndi makoka. Ku Limphasa kunali madimba ndi mbuzi. Khomo lililonse linali ndi nyumba, mkazi, ndi anthu olima osafunsa kuti chinangwacho adye ndani. Ada khasu sankaligwira. Ankangoyendera, kulawa mowa, kuona ngati pabadwa mwana wofanana nawo, n'kupitirira.

Dzuwa litatuluka makomo onsewo anayamba kufika. A ku Makuzi anabwera pamabwato, atanyowa ndi mafunde, ndi madengu a usipa wouma. A ku Kande anabwera pamzere m'mphepete mwa nyanja, mitanga ya chinangwa choviika ili pamutu, fungo lake litatsogola. A ku Limphasa anafika mochedwa, akukoka mbuzi zimene zinkalira bwino kuposa abale ena. Aliyense akafika pachipata ankatula katundu, kuyamba kulira, kulowa, n'kuleka. Abale anga awiri ndinawadziwira pompo. Tinazindikirana mphuno.

Njala itandipota ndinapita kunyumba kwa Ama, kanyumba kakumapeto pafupi ndi mpanda. Sanalimo, ndipo phulusa linali lozizira. Ndinakawapeza kuseri kwa nyumba ya mkazi wamkulu, atakhala pamphasa yatsopano. Anali atatu: Ama, nkhalamba ina imene inkanyamulira Ada mpando ndi kaliwo, ndi mtsikana wina wa ku Limphasa amene sindinkamudziwa. Amayi awiri ankawadzoza mafuta a nsatsi kuchokera m'chipanda, mpaka mapewa akung'anima. Anawaveka nsalu zoyera za kwa amalonda, zosachapidwapo. Mkazi wamkulu, amene chibadwire changa sanawapatsepo Ama moni, ankawamanga mikanda m'khosi ndi manja ake.

Mtima wanga unayera. Ndinati lero awazindikira. Patsogolo pa Ama panali chiwindi cha mbuzi chootcha, chosakhudzidwa. Anandikankhira mbaleyo.

"Idya," anatero.

"Inu bwanji, Ama?"

"Ndakhuta. Idya msanga, upite uko."

Ndinadya chonse, ndinanyambita ndi zala. Kenako ndinazungulira linga lonse ndikuuza aliyense kuti Ama avala mikanda yolemera ngati mwana wa ng'ombe, ndipo akhala kutsogolo pamaliro. Anthu ankayang'ana pansi. Ndinati ndi nsanje.

Pamoto wophikira ndinapeza mayi wina wa ku Kande, mnzawo wa Ama. Awiriwa anafika kuno tsiku limodzi kalekale, ndipo akakumana ankanong'onezana chinenero chawochawo. Anali akukanya chinangwa, kamtsikana kake ka zaka ngati zisanu katamugwira nsalu. Nditamuuza za mikanda anapukuta manja, n'kundikokera pambali.

"Iwe wa sukulu, asibweni ako ali kuti?"

Asibweni ndiye kuti malume. Ndinati ndilibe.

"Unayamba wafunsapo chifukwa chake? Amako anagulidwa ndi mfuti imodzi, ine ndi onga wake. Tinayenda m'goli limodzi. Munthu wopanda mlongo womulankhulira ndi amene amadzozedwa mafuta lero. Mfumu sipita yokha. Nkhalamba ija igwira kaliwo, mtsikana agwira miyendo, amako apakata mutu."

"Apakata mpaka liti?"

Analoza kunkhalango ya manda.

Chiwindi chija chinabwerera pomwepo, pamapazi pa kamwana kaja. Zoti mafumu amapita ndi anthu ndinali nditamvapo, monga mmene umamvera za njovu zakutali. Sindinkadziwa kuti anthuwo amatengedwa m'nyumba imene umadyamo. Zoti Ama ndi kapolo mwina ndinkazidziwa pang'ono, koma Ada ankanditcha mwana wawo pagulu, ndiye ndinkati zinatha.

Ndinathamangira kwa msuweni wanga, mwana wa mlongo wawo wa Ada, amene ankalowa m'malo mwawo. Anali atakhala pansi pa mkuyu ndi akuluakulu, atavala kale chipewa chofiira cha Ada ngakhale mwini wake asanaikidwe. Ndinagwada, chinthu chimene sindinachitepo ngakhale kusukulu. Ndinalonjeza kukalima ku Kande mpaka kufa. Ndinati azungu akamva atumiza sitima makumi awiri.

"Sitima ali nayo imodzi, ndipo ili kumwera," anatero msuweni. "Ada ako anatchula okha maina asanatsirizike. Anati amako ndi amene amadziwa kuwapesa bwino. Ndi ulemu umenewo, mphwanga. Kapena m'buku mwanu mulibe mawu oti ulemu?"

Akuluakulu ena anaseka, ena ayi. Ndinaganiza zothamangira ku Bandawe, koma panjira yakumeneko anali ataikapo anyamata awiri amfuti kuyambira dzulo lake, ndipo adzukulu, okumba manda aja, anali atabwera kale kudzanena kuti dzenje latha.

Ndinabwerera kumoto. Mayi wa ku Kande uja anali akundidikira.

"Kulira umatha?"

Ndinati kulira ndimatha kuposa munthu aliyense m'mbali mwa nyanja ino.

"Ndimadziwa, ndinakumva uli khanda. Tamvera. Wodzozedwa akayetsemula asanalowe m'manda, ndiye kuti mzimu wamukana. Amamumasula. Ndinamva kwa nkhalamba za ku Kande, sindinaonepo ndi maso. Wera mutu."

Anamasula mfundo ya nsalu yake momwe munali fodya wa m'mphuno, anasakaniza ndi tsabola wosinja wa pandiwo, n'kunditikita m'tsitsi. Tsitsi langa linali lambiri, poti pamaliro sitimeta mpaka ataika. Anandiuza kuti ndisagwedeze mutu, ndipo ndisayambe ndine kuyetsemula, chifukwa ine palibe akundifuna kumeneko.

Tinanyamuka dzuwa litapendeka pang'ono. Kutsogolo kunali amfuti, kenako thupi la Ada litakulungidwa m'nsalu ndi mphasa, pamapewa pa adzukulu. Pambuyo pake ankayenda atatu aja, manja atamangidwa kumbuyo ndi luzi, koma nsalu itaphimba kuti zisaoneke. Nkhalamba ija inali itamwetsedwa mowa, inkayenda ikuyimba nyimbo ya Angoni. Mtsikana wa ku Limphasa anthu ankachita kumugwirira. Ama ankayenda okha, maso panjira, ngati akupita kokatunga madzi.

Anthu anali ambiri moti oyamba atafika kunkhalango ya manda omaliza anali asanatuluke m'linga, ndipo apa sindikuwonjezera. Mwera unali utaleka. Kunkamveka mapazi ndi kulira kwa amayi basi. Ine ndinkayenda khosi litauma ngati ndasenza mtsuko. Thukuta linkatsitsa tsabola kumaso, misozi ikungoyenda yokha. Ndinamva mayi wina akunena kuti sanaonepo mwana wokonda bambo ake chotere.

Dzenjelo linali lalikulu ngati nyumba, ndi chipinda chokumbidwa m'mbali. Anayamba kutsitsa mpando, mfuti ya Ada atayithyola, miphika ataiboola. Kenako nkhalamba ija inatsika yokha pamakwerero a mitengo, ikuyimbabe. Mtsikana uja adzukulu anachita kumunyamula. Mkulu wa adzukulu atagwira Ama pamkono, ndinadziponya.

Ndinalira kulira koti mbalame zinasamuka m'nkhalangomo. Ndinawakumbatira Ama m'khosi, mutu wanga ndikuupaka pankhope pawo uku ndi uku. Anthu anandisiya, poti mwana amaloledwa kutsanzika. Ama ananunkhiza kamodzi, ndipo ndinamva thupi lawo likuuma. Anatembenuza nkhope kuithawitsa. Ndinaitsatira. Anatseka pakamwa, anagwira mpweya, maso atafiira. Sindinamvetse. Ndinati mwina tsabola wachepa, ndiye ndinakanda tsitsi ndi zala zonse pansi pa mphuno yawo.

Anayetsemula. Ndikanakonda kunena kuti mitengo inagwa, koma kanali kakang'ono ngati ka mphaka.

Kulira konse kunaleka. Msuweni anati sanamve kanthu. Mkulu wa adzukulu anati iye wamva. Ali m'kati motsutsana Ama anayetsemulanso, kenako kachitatu, ndipo panalibenso wotsutsa. Mkulu wa adzukulu anatulutsa mpeni, anadula luzi lija, n'kunena kuti mzimu wa Ada wamukana uyu. Ndinakhala pansi pa dothi la kumanda ndikuseka ngati wamisala.

Msuweni sanakwiye. Anayang'ana m'dzenjemo, n'kufunsa akuluakulu ngati malume ake angagone mutu uli padothi ngati munthu wamba. Akuluakulu anati sizinachitikepo. Anatembenuka n'kuyamba kuyang'ana m'gulu. Akapolo onse odziwa zinthu anali ataima kumbuyo kwenikweni, ena atazemba kale. Mmodzi yekha anali kutsogolo, chifukwa anadzipanikiza kufika pamenepo kuti aone ngati fodya wake wagwira ntchito.

Msuweni anamuloza ndi chibwano.

Mafuta anali atatsalako m'chipanda. Anavula Ama mikanda ija n'kumuveka mayi wa ku Kande, pomwepo, tonse tikuona. Sanakuwe. Ankangoyesa kuchotsa zala za mwana wake pansalu, chala chimodzichimodzi. Ndinadumpha kuti ndimukumbatire nayenso, koma apa msuweni anali atanunkhiza kale mutu wanga. Anyamata awiri anandigwetsa chafufumimba n'kundikhalira pamsana. Zotsalazo sindinazione. Ndinangomva mfuti zikulira, ng'oma zikulira pamwamba pake kuti china chisamveke, kenako makasu.

Pobwerera anthu anasamba m'nyanja monga mwa mwambo, amuna uku, akazi uko. Ndinamiza mutu kambirimbiri. Kulinga nyama inagawidwa, mowa unatuluka, ndipo a ku Makuzi anayamba kukangana ndi a ku Limphasa za amene atenge bwato lalikulu. A ku Kande sanadikire chakudya. Anatola mitanga yawo yopanda kanthu n'kubwerera pamzere womwe uja. Anthu akakumana ndi Ama ankapatuka, chifukwa wokanidwa ndi mzimu sapatsidwa moni tsiku lomwelo.

Madzulo tinali m'kanyumba kathu. Ama anasonkha moto koma sanaphike. Anakhala pakhomo akudzipala mafuta m'mikono ndi mchenga, pang'onopang'ono. Nsalu yoyera ija anali atabweza, atavalanso chiguduli chawo cha khungwa. Ndinadikira kuti andithokoze kapena andimenye. Patapita nthawi ndinafunsa chifukwa chimene ankathawitsira nkhope.

"Dzenje likakumbidwa la anthu atatu, limadya atatu," anatero. "Ine ndinaonapo ndili mtsikana. Mnzanga uja sanaonepo."

"Ndiye mukanakonda ndikusiyeni?"

Anadzuka n'kutuluka. Ndinamva mapazi awo akulowera kunkhokwe, kumene moto wophikira unali utazima. Anabwerako atanyamula kamtsikana kaja. Palibe anakatenga popita ku Kande. Kanali katagona paphulusa pamene amake ankakanyira chinangwa, m'manja kali ndi chikombe chawo.

M'nyumbamo mphasa zinali ziwiri, ya Ama ndi yanga. Ama anaima pamwamba panga, mwanayo ali paphewa.

"Sendera," anatero. "Kuyambira lero uyu ali naye mlongo. Akadzafunsa asibweni a ana ake, udzayankhe ndiwe."

Ndinasendera kukhoma. Kamwanako kanali kozizira mapazi.